Kunja Kwapsa, Nanga M'kati?

M'nyumba zambiri za ku Sunnyside, mu mzinda wa Blantyre, mwalowa mlendo amene anthu akale sanamudziwe. Mlendoyu ndi chakudya chimene chimagulidwa chili choundana gwa ngati mwala: samusa, mapayi a nyama, masoseji okulunga mu mtanda wa ufa wa tirigu, ndiponso timasangweji totseka mbali zonse tokhala ndi nyama ndi tchizi m'kati. Makolo akaweruka ku ntchito amadzera m'masitolo akuluakulu a ku Chichiri, ku Limbe kapena pakati pa tauni, nagula mapaketi angapo, nawaponya mu firiza. Koma kawirikawiri amene amagula sindiye amene amaphika. Wophika ndi mnyamata kapena mtsikana amene walemba mayeso a MSCE ndipo ali pakhomo kudikira zotsatira, kapena wantchito wochokera ku Manase, ku Zingwangwa kapena ku Chilobwe, amene kwawo alibe firiji ndipo palibe anamufotokozerapo za chakudya chotere. Odya ndi ana aang'ono obwera kuchokera ku sukulu ali ndi njala. Ndi chifukwa chake nkhani yooneka yaing'onoyi iyenera kulankhulidwa poyera.

Samusa payokha si yachilendo kuno. Inabwera ndi amalonda achimwenye amene anakhazikika ku Limbe ndi ku Blantyre m'nthawi ya atsamunda, ndipo lero imagulitsidwa m'mabeseni pamodzi ndi mandasi ndi zitumbuwa pa depoti iliyonse. Koma samusa ya pa depoti, monga chitumbuwa, imakazingidwa m'mawa n'kudyedwa tsiku lomwelo. Chachilendo ndi kusunga chakudya chokonzakonza kwa miyezi m'chisanu. Luso limeneli linakula ku America m'zaka za m'ma 1920, pambuyo poti Clarence Birdseye, amene anakhalapo ku Labrador, anaona kuti nsomba zimene eni dzikolo ankawedza zinkaundana msanga pa mphepo yozizira koopsa, ndipo zikasungunuka zinkakoma ngati zaziwisi. Iye anazindikira kuti chakudya chikaundana mofulumira, timibulu ta madzi oundana timakhala tating'ono kwambiri moti sitiboola mnofu. Zakudya zake zinayamba kugulitsidwa m'masitolo mu 1930. Sangweji yotseka youndana inatchuka pambuyo pake, pamene abale awiri ochokera ku Iran, Paul ndi David Merage, anayamba kugulitsa Hot Pockets ku America mu 1983. Zonsezi zinapangidwira maiko amene magetsi sazimazima, ndipo apa ndi pamene pagona vuto la wophika wa ku Sunnyside.

Anthu ambiri, ngakhale ophunzira, amakhulupirira kuti chisanu chimapha majeremusi. Sichitero ayi. Firiza yabwino imasunga chakudya pa madigiri 18 pansi pa ziro, ndipo pamenepo majeremusi amangogona tulo, osaswana koma osafanso. Chakudya chikayamba kufunda amadzuka. Pakati pa madigiri 5 ndi 60 amaswana msanga, ndipo ena a iwo, zinthu zikawakomera, amachulukana kawiri pa mphindi 20 zilizonse. Wophunzira aliyense amene anakhoza masamu atha kuwerengera yekha kuti jeremusi imodzi idzakhala itabala angati pakatha maola asanu ndi limodzi. Choopsa china n'chakuti ena mwa majeremusiwa amasiya poizoni m'chakudya, ndipo poizoniyo satha ngakhale chakudyacho chiphikidwe bwino pambuyo pake. Moto sukonza chimene chinaonongeka kale.

Pali jeremusi ina, yotchedwa Listeria, imene imaswana ngakhale m'firiji yozizira bwino. Mu 2017 ndi 2018 jeremusi imeneyi inadwalitsa anthu oposa 1,000 ku South Africa, ndipo oposa 200 anamwalira, ambiri mwa iwo makanda. M'mwezi wa March 2018 boma la dzikolo linalengeza kuti gwero lake linali poloni yopangidwa pa fakitale ina ya ku Polokwane, ndipo maiko oyandikana nalo, kuphatikizapo Malawi, analetsa nyama zotere kulowa. Chakudyacho chinali chokutidwa bwino, cha dzina lodziwika, chogulitsidwa m'masitolo aukhondo. Paketi yokongola si umboni wakuti m'kati muli bwino.

Tsono taganizani za magetsi. Magetsi ambiri a dziko lino amachokera pa mtsinje umodzi, wa Shire, pa Nkula, Tedzani ndi Kapichira. M'mwezi wa January 2022 namondwe wa Ana anaononga damu la Kapichira, ndipo mamegawati pafupifupi 130 anachoka nthawi imodzi. Mpaka mu 2023, pamene makina a kumeneko anayambanso kugwira ntchito, anthu a mu Blantyre ankakhala maola ochuluka pa tsiku opanda magetsi. Sunnyside, ngakhale ndi dera la nyumba za mipanda ndi mitengo ya mthunzi, silinapulumuke. M'masiku amenewo chakudya cha m'mafiriza ambiri chinkasungunuka usana n'kuundananso usiku, eni ake osadziwa kanthu, popeza m'mawa chinkapezeka cholimba monga mwa masiku onse.

Akatswiri a za chakudya amati firiza yodzaza, ikapanda kutsegulidwa, imasunga chisanu kwa maola pafupifupi 48, ndipo yodzaza theka kwa maola 24. Koma firiji wamba imangopirira maola anayi. Mawu akuti "ikapanda kutsegulidwa" ndiwo ofunika, pakuti m'nyumba ya ana chitseko cha firiji sichipuma. Mwamwayi chakudya chimene chinasungunukapo chimadziulula chokha. Samusa zimene zinayenera kukhala payokhapayokha zimapezeka zitamatirana kukhala chibuma chimodzi. M'thumba mumakhala zibenthu zikuluzikulu za madzi oundana, ndipo katoni imakhala yofewa kapena ya mathothomathotho. Paketi yotere isagulidwe m'sitolo, ndipo ikapezeka kunyumba pambuyo pa kuzima kwa magetsi kwa nthawi yaitali, nzeru ndi kuitaya. Kutaya chakudya kumawawa, makamaka masiku ano, koma ndalama za paketi imodzi sizingafanane ndi usiku wogonera mwana m'chipatala cha Queen Elizabeth.

Ulendo wochokera ku sitolo nawonso uli ndi mbali yake. Paketi yogulidwa ku Limbe masana a mwezi wa October, n'kuyenda nayo m'minibasi kapena kuisiya m'galimoto yotseka mawindo pamene mwini wake ali pa mzere ku banki, imafika kunyumba itafewa kale. Choundana chigulidwe pomalizira, ndipo chipite kunyumba molunjika.

Kuphika kwenikweni ndiko kumene ambiri amaphonya. Akuluakulu anati chikomekome cha mkuyu, m'kati muli nyerere, ndipo samusa youndana yoponyedwa m'mafuta otentha kwambiri ndiye mkuyu weniweni. Khungu lake limafiira pa mphindi imodzi kapena ziwiri, wophika naiuula ali wokondwa, koma pakati nyama ikadali yozizira, mwina ndi madzi oundana omwe. Wozolowera kukazinga mandasi amapusitsidwa msanga, chifukwa diso lake linaphunzira kuti chofiira n'chakupsa. Choundana chimafuna mafuta otentha pang'ono ndi nthawi yotalikirapo, kuti moto uyende mpaka pakati khungu lisanapserere. Zisaikidwe zambiri nthawi imodzi, popeza zimaziziritsa mafuta ndipo zimawamwa. Komanso madzi oundana akagwera m'mafuta otentha amathetheka, choncho chisanu chapamwamba chiyambe chasasidwa, ndipo ana asayandikire chiwaya.

Uvuni ndiye woyenera mapayi ndi masangweji otseka. Uyambe watenthetsedwa kufika pa mlingo wolembedwa pa paketi, umene kawirikawiri umakhala pakati pa madigiri 180 ndi 200, ndipo nthawi yolembedwayo isadulidwe ngakhale ana alire motani. Magetsi akazima chakudya chili m'kati, monga zimachitikira, chisasiyidwe momwemo kudikira kuti mwina ayaka madzulo. Chimalizidwe nthawi yomweyo pa mbaula. Njira yake amayi a m'midzi amaidziwa kale, pakuti ndi momwe amaphikira chigumu: poto wokhuthala pa makala ochepa, chivundikiro pamwamba, ndi makala ena pa chivundikirocho, kuti moto uchokere mbali zonse ziwiri. N'zoseketsa ndithu kuti chakudya chopangidwa ndi makina a ku fakitale chimapulumutsidwa ndi luso la agogo a ku Chiradzulu, koma ndi mmene zilili.

Mayikulowevu, amene ambiri amamudalira chifukwa cha changu chake, ndiye wachinyengo koposa. Mafunde ake salowa mozama m'chakudya, ndipo madzi oundana salandira mafundewo msanga monga amachitira madzi osungunuka. Motero mbali imene yayamba kusungunuka imawira, pamene mbali yoyandikana nayo ikadali mwala. Mwana amaluma kumapeto n'kupsa lilime ndi tchizi wotentha, kenaka n'kufika pakati pozizira pamene majeremusi ali moyo. Mu 2007 anthu pafupifupi 400 ku America anadwala ndi jeremusi ya Salmonella atadya mapayi oundana, ndipo ofufuza anapeza kuti ambiri mwa iwo anaphika mapayiwo mu mayikulowevu, ochuluka osadziwa n'komwe mphamvu ya makina awo. Makina a mawati 700 sangapsetse chakudya pa nthawi imene inalembedwera makina a mawati 1,100. Paketi ikanena kuti chakudya chikhale mphindi ziwiri makina atazima, mphindi zimenezo ndi gawo la kuphika, chifukwa ndi pamene kutentha kumafalikira pakati. Ndiponso mapayi ena amakhala ndi mtanda kapena nyama yaiwisi ndipo sanapangidwire mayikulowevu konse.

Bungwe la zaumoyo pa dziko lonse, la WHO, limalangiza kuti chakudya chifike madigiri 70 paliponse, pakati pomwe. Nyumba zambiri zilibe choyezera kutentha, koma mpeni ulipo. Payi imodzi kapena samusa imodzi idulidwe pakati: nthunzi ituluke, nyama isaoneke yofiirira, ndipo nsonga ya mpeni yolowetsedwa pakati kwa kamphindi ituluke yotentha. Chikapsa chidyedwe, chisakhale pa tebulo kupitirira maola awiri. Zotsala zisabwezedwe mu firiza kawiri kapena katatu.

Malangizo onsewa, kapena ambiri mwa iwo, amalembedwa pa mapaketi. Koma amalembedwa m'Chingerezi, m'zilembo zing'onozing'ono, ndipo nthawi zina m'zinenero zina za kumene chakudyacho chinachokera. Wantchito amene analekeza sukulu mu Sitandade 6 amapatsidwa paketi n'kuuzidwa kuti, "Muwakonzere anawa," basi. Mwana akadwala, mlandu umagwera iyeyo. Uku n'kulakwa. Bungwe loona za miyezo ya zinthu la Malawi Bureau of Standards, limene linakhazikitsidwa mu 1972, lingachite bwino kulimbikitsa kuti chakudya choundana chogulitsidwa kuno chikhale ndi mizere itatu kapena inayi ya Chichewa yonena za kasungidwe ndi kaphikidwe kake. Mankhwala a mbewu ndi a malungo anthu amawafotokozera m'chinenero chawo. Palibe chifukwa chakuti chakudya cha ana chisiyidwe. Eni masitolo nawonso ali ndi udindo woonetsetsa kuti majenereta awo akuyendetsa mafiriza usiku womwe, osati nyali ndi makina olandirira ndalama okha.

Aphunzitsi sayenera kudikira boma. Paketi yopanda kanthu ya samusa ndi chida chophunzitsira chabwino kuposa zithunzi zambiri za m'mabuku. Wa Biology apezapo phunziro la kuswana kwa majeremusi, wa Physics apezapo kayendedwe ka kutentha, wa Chingerezi apezapo ndime yoti ana amasulire, ndipo wa Home Economics awerenge ndi ophunzira ake kuchuluka kwa mchere. Mbali ya mchereyi siyenera kupeputsidwa. WHO imati munthu wamkulu asapitirire magalamu 5 a mchere pa tsiku, ndipo zakudya zokonzeratu zimakhala ndi mchere wambiri kuti zikome ndi kusungika. Kafukufuku wa STEPS wa mu 2009 anapeza kuti pafupifupi munthu wamkulu mmodzi mwa atatu aliwonse m'Malawi anali ndi vuto la kuthamanga kwa magazi. Mwana wozolowera payi tsiku lililonse adzayamba kuona mbatata yophika ndi chinangwa ngati chakudya chosakoma.

Pomaliza pali mtengo. Tirigu amalimidwa pang'ono chabe kuno, kumadera ozizira monga Tsangano ndi Neno. Wochuluka amagulidwa kunja. Pamene ndalama ya kwacha inachepetsedwa mphamvu ndi 25 peresenti mu May 2022, ndiponso ndi 44 peresenti mu November 2023, chilichonse chochokera kunja chinakwera mtengo, ndipo paketi yochokera ku Johannesburg imalipirirapo ulendo wake wonse m'galimoto yoziziritsa. Wachinyamata amene ali pakhomo kudikira zotsatira za mayeso atha kugula ufa, anyezi, nandolo kapena nyama yogaya pa msika wa Blantyre, n'kukulunga samusa makumi asanu tsiku limodzi Loweruka. Zam'kati ziyambe zaphikidwa n'kuzizira bwino asanakulunge. Aziyale pa thireyi zosakhudzana kuti ziundane msanga, kenaka aziike m'matumba ang'onoang'ono okwanira chakudya cha tsiku limodzi, nalembepo tsiku limene anakonza. Mu firizamo aikemonso kapu ya madzi, madziwo akaundana aikepo khobidi pamwamba. Akadzapeza khobidilo litamira pansi pa kapu, adziwe kuti magetsi anazima nthawi yaitali iye kulibe, ndipo zonse za m'katimo zinasungunukapo.