Makina Atsogole, Zokondweretsa Zitsate Pambuyo

Dziko limatchuka ndi katundu amene limagulitsa kunja, koma tsogolo lake limaonekera pa katundu amene limagula. Mfundo imeneyi iyenera kukhazikika m'mitima ya atsogoleri a Chipani ndi antchito a Boma, makamaka iwo amene amavomereza makalata oitanitsira katundu ndi kugawa ndalama zakunja. Umboni wake uli m'mbiri ya malonda a makina, galimoto ndi zipangizo zamagetsi pakati pa South Korea ndi Japan.

Dziko la Korea lidalamulidwa ndi Japan kuyambira 1910 kufikira 1945, ndipo nkhondo ya 1950 mpaka 1953 idalisiya lili bwinja. M'chaka cha 1964 katundu yense amene South Korea adagulitsa kunja adangokwana madola 100 miliyoni, ndipo wambiri adali nsomba, miyala ya m'migodi, silika ndi matabwa. Chaka chotsatira maiko awiriwa adasaina pangano la ubale, ndipo Japan adalonjeza madola 300 miliyoni osabweza ndi madola 200 miliyoni a ngongole.

Ndalama zotere zikadatha kuthera m'magalimoto a akuluakulu ndi mawailesi a m'masitolo. Boma la Park Chung-hee lidapatula gawo lalikulu n'kumangira fakitale yosungunula zitsulo ku Pohang, ngakhale kuti World Bank idakayika kuti ntchitoyo ingapindule. Ndi thandizo la akatswiri a ku Japan, ng'anjo yoyamba idatulutsa chitsulo mu 1973, ndipo fakitaleyo idayamba ndi mphamvu yopanga matani oposa 1 miliyoni pachaka. Kuchokera pamenepo opanga zombo ndi galimoto adapeza chitsulo pakhomo.

Njira yomweyo idatsatidwa pa zamagetsi ndi galimoto. Kampani ya Samsung idagwirizana ndi Sanyo ya ku Japan mu 1969, ndipo mu 1970 idayamba kulumikiza mawailesi akanema osaonetsa mitundu, pogwiritsa ntchito zipangizo zochokera ku Japan. Galimoto yoyamba ya mtundu wakewake ya Hyundai, yotchedwa Pony, idatuluka kumapeto kwa 1975 ili ndi injini ya Mitsubishi. A Korea sadachite manyazi kugula injini kwa mnansi wawo. Adaimasula, kuiphunzira ndi kuphunzitsa ana awo, kufikira mu 1991 Hyundai idapanga injini yakeyake. Akuluakulu adati tsokonombwe adatha mtunda n'kudumpha.

Tsono pamene khomo la makina lidali lotsekula, khomo la katundu wothaitha lidatsekedwa. Mu 1978 Boma la South Korea lidakhazikitsa lamulo loletsa kuitanitsa mitundu yambiri ya katundu wa ku Japan, kuphatikizapo galimoto zokwera anthu ndi zipangizo zamagetsi za m'nyumba. Lamulolo lidakhala kufikira 1999. Kwa zaka 21 mwini ndalama wa ku Seoul sankatha kugula mitundu yambiri ya katundu wa ku Japan, ngakhale adali woposa wa kwawo.

Kunena zoona, chiletso chokha sichikadapindula kanthu. Maiko ambiri adatseka malire awo m'zaka zomwezo, ndipo adakolola mafakitale aulesi ndi mitengo yokwera. Kusiyana kwake kudali mwambo pa ntchito. Mwezi ndi mwezi Pulezidenti ankakhala pansi ndi nduna, alembi a maunduna ndi eni mafakitale kuti aone ngati chiwerengero cha katundu wogulitsa kunja chakwanira. Wokwaniritsa ankapeza ngongole ndi chilolezo choitanitsira makina ena. Wolephera ankasiyidwa m'mbuyo. Chotero mu 1977 malonda akunja a dzikolo adafika madola 10 biliyoni, ndipo mu 2006 Samsung idaposa makampani onse, a ku Japan omwe, pa kugulitsa mawailesi akanema padziko lonse.

Komabe mbiriyi ili ndi chenjezo. Chiyambire 1965, chaka ndi chaka South Korea wakhala akugula zambiri ku Japan koposa zimene amagulitsa kumeneko, ndipo mu 2010 kusiyanaku kudafika pafupifupi madola 36 biliyoni. Chifukwa chake n'chakuti mafakitale a Korea akamakula, ankafunanso makina ndi zipangizo zambiri za ku Japan. Kuopsa kwake kudaonekera mu July 2019, pamene maiko awiriwa adasemphana pa nkhani ya a Korea amene adagwiritsidwa ntchito yathangata m'nthawi ya nkhondo. Japan adakhwimitsa malamulo ogulitsira mankhwala a mitundu 3 ofunika popanga tizipangizo ta m'kati mwa makompyuta ndi mafoni, ndipo chikhwimitsocho chidachotsedwa mu March 2023. A Korea adaphunzira kuti wodalira chitsime chimodzi amagona ndi ludzu tsiku limene mwini chitsime wakwiya.

Malawi alimo m'nkhaniyi monga wogula. Misewu ya Lilongwe, Blantyre ndi Mzuzu yadzaza galimoto zogwirapo kale ntchito ku Japan, zimene zambiri zimalowa pa Songwe kuchokera ku Dar es Salaam, ndipo mafoni ndi mawailesi akanema a ku Korea ali m'masitolo. Zonsezi zimalipidwa ndi thukuta la mlimi wa fodya, tiyi ndi nzimbe. Kutsika mphamvu kwa Kwacha ndi 25 peresenti mu May 2022 ndi 44 peresenti mu November 2023 kudakumbutsa aliyense kuti ndalama zakunja n'zowerengeka.

Palibe amene akunena kuti Malawi atsanzire South Korea m'zonse. Dziko lino lilibe doko, msika wake ndi wochepa, ndipo mapangano a SADC ndi COMESA salola kutseka malire mwachisawawa. Koma masomphenya a Malawi 2063 adaika mafakitale pakati pa mizati itatu ya chitukuko, ndipo mzati umenewo sungaime popanda makina. Pachifukwa ichi, pamene ndalama zakunja zaperewera, mpope wothirira, makina oyengera mafuta a mtedza ndi soya, ndi makina osulira zitsulo ayenera kukhala patsogolo pa galimoto yachiwiri ya bwana.

Wantchito wa Boma amene akulemba pangano logulira makina ayenera kufunsa mafunso 3 asanasaine. Kodi zipangizo zosinthira zidzapezeka kuti? Kodi ndi Amalawi angati amene adzaphunzitsidwe kukonza makinawo? Kodi pali dziko lina logulako ngati woyambayo atakana? Pangano losayankha mafunso amenewa limasanduka mathirakitala ochita dzimbiri kuseri kwa ofesi.

Atsogoleri a Chipani m'nthambi, m'madera ndi m'maboma ali ndi udindo wofotokozera anthu chifukwa chake zina zokondweretsa ziyenera kudikira. Koma anthu adzamvera pokhapokha ataona kuti atsogoleriwo ndiwo ayamba kudziletsa. Mlimi wanzeru sakazinga mbewu, ngakhale ana akulirira chimanga chokazinga, pakuti adziwa kuti mvula ikubwera.