Maulendo okaona zimbalangondo zoyera ku Churchill ndi malonda, si chifundo

Kumpoto kwa chigawo cha Manitoba, m'dziko la Canada, kuli katawuni kotchedwa Churchill. Kalembera wa 2021 anapeza kuti kumakhala anthu 870 okha, moti sekondale zina za m'mizinda yathu zili ndi ana ambiri kuposa anthu onse a kumeneko. Msewu wofika kumeneko kulibe. Wofuna kupitako akwere ndege, apo ayi sitima yapamtunda yochokera ku Winnipeg, imene imayenda pafupifupi masiku awiri. Komabe chaka chilichonse mu Okutobala ndi Novembala, alendo zikwizikwi amakhamukira komweko atalipira ndalama zimene mphunzitsi ngati ine sangazipeze ngakhale atasunga malipiro a chaka chonse osagulako ndi mchere womwe. Onsewo amakafuna chinthu chimodzi, kuona chimbalangondo choyera ndi maso awo.

Ine maganizo anga ndi akuti maulendowa apitirire. Koma owagulitsa asiye kuuza anthu kuti kukwera ndege kukaona chimbalangondo ndiko kuchipulumutsa. Awa ndi malonda, ndipo tiziwaweruza ngati malonda.

Ndiyambe ndafotokoza chifukwa chake nyamazi zimasonkhana pamalo amodzi, poti ana anga a jogalafe amaganiza kuti kumpotoko zimbalangondo zili mbwee paliponse pozizira. Churchill ili m'mphepete mwa nyanja yaikulu yamchere ya Hudson Bay. Nyanjayi imaundana pamwamba m'nyengo yozizira, ndipo kukafunda ayezi yense amasungunuka. Chakudya chenicheni cha chimbalangondo choyera ndi nyama yam'madzi yonona kwambiri yotchedwa seal. Sichiigwira pothamangitsana m'madzi ayi, chimaibisalira pa ayezi, pa kabowo pamene imatulukira kudzapuma mpweya. Ayezi akatha cha mu Julayi, zimbalangondo zimatulukira kumtunda n'kukhala miyezi inayi kapena kuposerapo zikudalira mafuta a m'thupi mwawo. Tsono gombe la kufupi ndi Churchill ndi limodzi mwa malo amene ayezi amayamba kugwira msanga, chifukwa mitsinje imathirapo madzi opanda mchere amene sachedwa kuundana, komanso mphepo yochokera kumpoto imakankhira ayeziwo kumeneko. Nyamazi zimabwera kudzadikira. Mlendo akamajambula chimbalangondo chitagona phee, mwina amaganiza kuti n'chaulesi. Ndi njala imeneyo, chikusunga mphamvu.

Dziko lake ndi limene m'mabuku timalitcha tundra: lathyathyathya, la madambo ndi tizitsamba, mitengo yake yapatalipatali ndi yopinimbira, ndipo pansi nthaka ndi youndana chaka chonse. Galimoto wamba singayendemo. Mu 1979 munthu wina wa komweko, Len Smith, anapanga chigalimoto chimene anachitcha Tundra Buggy, chooneka ngati basi yokwezedwa pa matayala aatali pafupifupi msinkhu wa munthu. Alendo amakhala m'mwambamo, woyendetsa ndi wowaperekeza akuwafotokozera, chimbalangondo n'kumabwera chokha kudzanunkhiza, nthawi zina mpaka kuimirira ndi miyendo yakumbuyo n'kutsamira galimotoyo. Champhongo chachikulu chimatha kulemera makilogalamu oposa 500, ndiye mukhoza kumvetsa chifukwa chake mawindo ali pamwamba chonchija. Boma la Manitoba limapereka ziphaso zochepa za magalimotowa, limawalamula kuyenda m'tinjira tomwe tilipo kale, ndipo kupatsa chimbalangondo chakudya ndi mlandu.

Chimene chimandichititsa kuti ndisatsutse maulendowa ndi mbiri ya tawuniyo. Kale zimbalangondo zinkabwera kudzadya ku dzala la zinyalala, ndipo chikavuta anthu mankhwala ake anali mfuti. Masiku ano boma la chigawocho lili ndi ndondomeko yotchedwa Polar Bear Alert. Alonda amayendera malire a tawuni, ndipo chimbalangondo chikayandikira amachithamangitsa ndi phokoso la zophulika. Chamakani amachitchera msampha n'kukachitsekera m'nyumba imene anthu amangoitcha ndende ya zimbalangondo, yokhala ndi zipinda 28, imene inayamba kugwira ntchito kuchiyambi kwa zaka za m'ma 1980. Mmenemo chimatha kukhala mpaka masiku 30, chikungopatsidwa madzi basi. Poyamba zimamveka ngati nkhanza, koma nzeru yake ndi yakuti chisadzaganize kuti kutawuni kumapezeka chakudya, ndipo paja nyengo imeneyi n'kale lonse sichidya. Kenako amachigonetsa ndi jakisoni, helikopita n'kuchinyamula mu ukonde kukachisiya kutali, kapena amachimasula ayezi akagwira. Dzala lija analitseka mu 2005. Usiku wa pa 31 Okutobala, pamene ana a kumeneko amayenda khomo ndi khomo kupempha maswiti monga mwa mwambo wawo, magalimoto a alonda amazungulira tawuni yonse. Anthu ambiri sakhoma zitseko za magalimoto awo, kuti wina akakumana ndi chilombo panjira apeze pothawira. Munthu womaliza kuphedwa ndi chimbalangondo m'tawuniyi anaphedwa mu 1983, ngakhale kuti mu 2013 anthu ena anavulazidwa koopsa.

Zonsezi zimadya ndalama komanso zimafuna kuleza mtima. Kodi mukuganiza kuti anthu angapirire moyo wotere chifukwa chongokonda nyama? Ine ndikukayika. Amapirira chifukwa chimbalangondo chamoyo chimadzaza mahotela, chimalemba ntchito ophika, oyendetsa magalimoto ndi osoka zovala zogulitsa kwa alendo. Ife a kuno nkhani imeneyi si yachilendo. Mlimi wa m'malire mwa Liwonde kapena Kasungu amene njovu zamudyera chimanga usiku umodzi, sungamutonthoze pomuuza kuti njovu ndi yokongola. Amafuna aone mpanda, aone ntchito, aone phindu.

Ndipo Churchill ilibe zambiri zodalira. Asilikali amene anali ndi malo awo kumeneko anachoka kalekale. Doko lotumizira tirigu kunja linatsekedwa mu 2016. Mu Meyi 2017 madzi osefukira anakokolola njanji, ndipo kampani ya ku America imene inali mwini wake, OmniTRAX, inakangana ndi boma pa nkhani ya woyenera kukonza. Tawuniyo inakhala yopanda sitima pafupifupi chaka ndi theka, katundu akubwera pa ndege, mitengo ya zakudya itakwera moboola m'thumba, mabanja ena n'kusamuka. Sitima inabwereranso kumapeto kwa 2018. Munthu wokhala kutali amene amati maulendo a alendo aletsedwe, ayambe wanena chimene anthu 870 amenewa adzadye.

Koma walira mvula walira matope. Pali zinthu zimene timapepala tokopa alendo sitinena mokweza.

Cha m'ma 1987 akatswiri ankati kumadzulo kwa Hudson Bay kunali zimbalangondo pafupifupi 1,200. Atawerenga pa ndege mu 2016 anapeza pafupifupi 842, ndipo mu 2021 anapeza pafupifupi 618. Ena amati zina zinangosamukira kumwera kwa nyanjayi, ndipo mwina n'zoona pang'ono, koma palibe amene angatsutse kuti nthawi imene nyanjayi imakhala yopanda ayezi yatalika ndi pafupifupi mwezi wathunthu poyerekeza ndi zaka za m'ma 1980. Kafukufuku amene anatuluka mu 2024 anatsatira zimbalangondo 20 za dera lomweli atazimangirira makamera m'khosi. Zina zinkadya udzu, zipatso ndi mitembo ya mbalame, zina zinkangogona, koma 19 mwa izo zinatsika thupi, pafupifupi kilogalamu imodzi pa tsiku. Onjezani masiku 30 pa njala yoteroyo, kenako muganizire chachikazi chimene chiyenera kukaberekera m'dzenje ndi kuyamwitsa ana chisanalawe kanthu. Zaka zonsezi alendo akhala akubwera, akujambula, ena akulira ndi misozi, chiwerengero chikutsikabe.

Apa ndi pamene ndimasiyana ndi ogulitsa maulendowa. Mawu akuti pitani mukazione zisanathe ndi nyambo yabwino kwambiri pa malonda, chifukwa vuto likamakula makasitomala nawo amachuluka. Amawonjezera kuti mlendo akaona yekha amabwerera kwawo atasanduka kazembe wa zachilengedwe. Ine ndine mphunzitsi, ndimadziwa kusiyana kwa mwana amene wasangalala ndi phunziro ndi mwana amene wasintha khalidwe. Jackie Dawson ndi anzake, mu kafukufuku wawo wa 2010, anapeza kuti alendo a ku Churchill amavomereza kuti kusintha kwa nyengo kukupweteka zimbalangondo, koma ambiri sazindikira kuti ulendo wawo womwewo ukuthandizira vutolo. Anawerengera kuti nyengo imodzi ya maulendowa imatulutsa matani oposa 20,000 a mpweya wa carbon dioxide, ndipo gawo lalikulu limachokera ku ndege. Mmalawi mmodzi amatulutsa pafupifupi gawo limodzi mwa magawo khumi a tani pa chaka. Masamu ake ndi osavuta: masabata ochepa okaona zimbalangondo akufanana ndi mpweya wa Amalawi pafupifupi 200,000 pa chaka chonse. Amalawi omwewo amene mu Malichi 2023 anakwirira abale awo namondwe wa Freddy atagumula mapiri ku Blantyre, Mulanje ndi Phalombe.

Ndinene chilungamo, matani 20,000 ndi kadontho poyerekeza ndi matani mabiliyoni oposa 35 amene dziko lonse limatulutsa pa chaka. Kuletsa maulendowa sikungabweze ayezi ngakhale ndi tsiku limodzi. N'chifukwa chake sindikuti aletsedwe. Chimene ndikukana n'chakuti munthu agule chisangalalo, kenako apatsidwenso satifiketi ya chifundo. Kampani ya Frontiers North inayamba kuyendetsa Tundra Buggy yamagetsi mu 2021. N'zabwino, phokoso lachepa ndipo utsi wa dizilo wachepa, koma mlendoyo wafika bwanji ku Churchill kuchokera ku London kapena ku Tokyo?

Nkhani ina imene imandivuta kwambiri ndi ya anthu a ku Arviat, mudzi wa a Inuit umene uli kumpoto kwa Churchill m'gombe lomwelo, m'chigawo cha Nunavut. Zimbalangondo zikachoka ku Churchill zimalowera chakumpoto, ndipo zambiri zimadutsa pa Arviat. Anthu a kumeneko akhala akudandaula kuti nyamazi zasiya kuopa anthu, ndipo ena amaloza chala maulendo a alendo, kuti chilombo chimene chazolowera fungo la anthu ndi kulira kwa injini sichithawanso chikaona nyumba. Mu Julayi 2018 bambo wina wa ku Arviat anaphedwa ndi chimbalangondo akuteteza ana ake pa kachilumba kena kapafupi. Palibe amene angatsimikize kuti chimbalangondo chimenecho chinaphunzira kusaopa anthu ku Churchill. Koma dandaulo la anthu amene akhala ndi nyamazi kuyambira makolo awo si loti n'kulinyoza. Ndalama za alendo zimatsala kumwera, iwo amangolandira chilombocho.

Ngakhale mu Churchill momwemo, funso lakuti ndalama zimalowa m'thumba la ndani ndi lofunika. Oposa theka la anthu a m'tawuniyi ndi eni nthaka: a Cree, a Dene, a Inuit ndi a Métis. Dzina la paki yaikulu ya kufupi ndi tawuniyi, Wapusk, imene inakhazikitsidwa mu 1996, ndi mawu a chi Cree otanthauza chimbalangondo choyera. Mu 1956 boma la Canada linasamutsa mokakamiza a Sayisi Dene kuchoka kwawo n'kukawataya m'mphepete mwa Churchill, kumene ambiri anafa ndi umphawi, kuzizira ndi mowa, ndipo boma linapepesa mu 2016. Kuyambira 2021 njanji ndi doko zili m'manja mwa gulu la midzi ya kumpoto ndi mitundu ya eni nthaka, ndipo ena mwa eni nthakawo ali ndi timakampani tawo toperekeza alendo. Mlendo amene ali ndi madola masauzande oti awononge angathe kufunsa, asanalipire, kuti kampaniyo mwini wake ndani, olembedwa ntchito ndi a kuti, ndipo nyengo ikatha amatsala m'tawuni ndi angati.

Paja mlendo ndi mame. Ayezi akangogwira, kawirikawiri chakumapeto kwa Novembala kapena mu Disembala, zimbalangondo zimachoka pagombe m'masiku ochepa chabe kupita kukasaka. Magalimoto aja amakaimikidwa, antchito aganyu amakwera ndege kubwerera kumwera, ndipo eni tawuni amatsala akudikira Januwale, pamene kuzizira kumafika madigiri 30 pansi pa ziro.