Mabwinja a Machu Picchu ali ndi eni ake



Sabata yathayi pa gulu la banja lathu la WhatsApp panabuka kamkangano kamene ndinakasiya dala osayankha, popeza nkhani zina sizikwana m'mizere iwiri. Mphwanga wina amene amagwira ntchito ku Britain adasunga ndalama kwa nthawi yaitali napita ku Peru kukaona mabwinja a Machu Picchu. Anatitumizira zithunzi zokongola ndipo tonse tinakondwera naye. Koma pansi pa zithunzizo analemba zinthu ziwiri zimene zinandisowetsa tulo. Choyamba, akuti anamudyera ndalama, chifukwa boma la kumeneko silinamulole kukwera phiri yekha ndipo anayenera kulipira wolondolera njira, chikhalirecho njirayo ndi yoonekeratu. Chachiwiri, akuti anaima mumzinda wotayika umene adaupeza mzungu wa ku America. Mphwanga, unandilola kuti ndiyankhe poyera, choncho pirira nawo malume ako. Inunso abale khalani pansi mumve, pakuti ambiri a ife tikadalemba zomwezo.

Ndiyambe ndi ulendowo, kuti tonse tidziwe chimene tikukamba. Njira zoyenda pansi zofikira ku Machu Picchu zodziwika kwambiri ndi ziwiri. Yaitali imatenga masiku anayi, makilomita opitirira 40, kugona m'matenti, ndipo imadutsa pampata wa phiri wotchedwa Warmiwañusqa umene uli pamtunda wa mamita oposa 4,200. Yaifupi ndiyo anayenda mphwangayu. Munthu amakwera sitima mbandakucha ku Ollantaytambo, natsatira mtsinje wa Urubamba mpaka pamalo amene alibe dzina lina koma nambala, Km 104. Pamenepo amatsika, amaoloka mlatho, amaonetsa pasipoti ndi chilolezo, nayamba kukwera. Makilomita ake ndi pafupifupi 12, maola asanu ndi limodzi kapena asanu ndi awiri. Mabwinja oyamba ndi Chachabamba, m'mbali mwa mtsinje momwemo. Kenaka ndi chitunda chachitali padzuwa mpaka ku Wiñay Wayna, kumene minda yomangidwa ngati makwerero yakangamira pathanthwe ndipo madzi akuyendabe m'ngalande zamiyala. Chakumadzulo amafika pa makwerero oimirira chilili, amene ambiri amakwera chokwawa, natulukira pa Inti Punku, ndiye kuti Chipata cha Dzuwa m'chinenero cha Quechua. Apo ndi pamene mzinda wonse umaonekera pansipo. Usiku amagona m'tauni ya Aguas Calientes, ndipo m'mawa mwake amakwera basi kubwereranso kukaona mabwinjawo bwinobwino.

Ena munamuseka kuti anasankha njira ya aulesi. Apo ndiima naye. Machu Picchu ali pa mamita 2,430, kutsikirapo poyerekeza ndi Sapitwa wathu amene ali pa 3,002, koma mzinda wa Cusco umene alendo amafikira uli pa mamita pafupifupi 3,400, ndipo mpweya wa kumeneko umagwetsa ngakhale anyamata a mpira. Wodziwa malire a mawondo ake ndi a thumba lake sanalakwe kanthu.

Koma pa za wolondolera njira, mphwanga, sindigwirizana nawe.

Lamulo limeneli silidabwere chabe. Kale aliyense ankangolowa m'njiramo ndi chikwama chake, kumanga tenti pamene wafuna, kusonkha moto pakati pa mabwinja, kusiya zinyalala ndi zonyansa m'tchire. Miyala imene idapirira mvula kwa zaka mazana asanu idayamba kugonja ndi mapazi a alendo. Ndiye kumayambiriro kwa zaka za m'ma 2000 boma la Peru lidakhwimitsa malamulo: palibe woyenda popanda wolondolera wovomerezeka, pa njira yaitali amaloledwa anthu 500 okha patsiku kuwerengera ndi antchito omwe, chilolezo chimalembedwa dzina ndi nambala ya pasipoti ya mwini wake, ndipo mwezi wa Febuluwale, mvula ikafika pachimake, njirayo imatsekedwa kuti aikonze. Ukadapita popanda malamulo amenewa ukadapeza njira yokumbika ndi mapepala m'tchire monse, ndipo ukadadandaulanso, kunena kuti anthu a kumeneko sadziwa kusamala chuma chawo.

Chinanso n'chakuti njira yooneka si njira yodziwika. Maso ako anaona makoma. Kodi anaona zimene zili pansi pa makomawo? Akatswiri a zomangamanga amene adafufuza malowa adapeza kuti ntchito yaikulu ya mzindawu, yoposa theka, ili pansi pa nthaka. Kumeneko kumagwa mvula pafupifupi mamilimita 2,000 pachaka, pamsana wa phiri wotsetsereka mbali zonse ziwiri. Kuti mzinda usakokoloke, munda uliwonse wa makwerero adauyala mosanjikiza: miyala ikuluikulu pansi, timiyala pamwamba pake, kenaka mchenga, pomaliza dothi lachonde. Madzi a mvula amalowa pansi mwakachetechete m'malo mothamanga pamwamba. Madzi akumwa adawatenga pakasupe wa m'phiri ndi ngalande ya mamita pafupifupi 750, nawagawa pa zitsime 16 zotsatana chotsika. Zonsezi adazichita cha m'ma 1450, mu ufumu wa Pachacuti, popanda chitsulo chosemera, popanda ngolo, ndipo m'makoma abwino koposa popanda dothi lomatira. Ife amene chaka ndi chaka timaona minda yathu ya m'mapiri ikupita ndi madzi ngakhale alangizi atatiphunzitsa za akalozera, tiyenera kuima pamenepo mwaulemu. Ndipo mbatatesi imene timalima ku Dedza ndi ku Ntcheu kwawo ndi m'mapiri omwewo a Andes. Makolo a anthu amenewa ndiwo adayamba kuilima. Zoterezi mwala sukuuza wokha, amakuuza ndi munthu. Akuluakulu adati safunsa adadya phula.

Tsopano za mzinda wotayika. Pa 24 Julaye 1911, Hiram Bingham, mphunzitsi wa pa yunivesite ya Yale, mwana wa mmishonale wobadwira ku Honolulu, adakwera phirilo. Sadakwere yekha. Adamutsogolera mlimi wina wa m'chigwamo, Melchor Arteaga, amene adamulipira ndalama imodzi ya sol. Atafika pamwamba adapeza mabanja a alimi akukhala komweko, akulima chimanga ndi mbewu zina m'minda yomwe ija ya makwerero. Amene adamulowetsa m'mabwinjamo, kumuonetsa khoma ili ndi ilo, adali kamnyamata ka pabanja limodzi mwa mabanjawo. Ndipo pakhoma la nyumba ina adapeza dzina lolembedwa ndi makala: Lizárraga, 1902. Agustín Lizárraga adali mlimi wa m'deralo amene adafikako zaka zisanu ndi zinayi Bingham asanafike, ndipo Bingham mwini wake adalemba m'kabuku kake ka paulendo kuti munthuyo ndiye adapeza malowo. Koma pofika m'mabuku a pambuyo pake dzina la Lizárraga lidanka lizimiririka, la Bingham likukula. Dzina la pakhoma lija nalonso lidafufutidwa. Lizárraga adamira mumtsinje wa Urubamba mu 1912, osadziwa kuti malo amene ankawadziwa ngati kuseri kwa nyumba yake adzatchuka padziko lonse.

Sindikufuna kumulanda Bingham zake. Adalambula tchire, adajambula zithunzi, adalemba mapu, ndipo magazini ya National Geographic itapereka kope lonse la Epulo 1913 ku nkhaniyi dziko lidadziwa za malowo. Imeneyo ndi ntchito. Koma adalakwitsanso: ankakhulupirira kuti wapeza Vilcabamba, likulu lomaliza la mafumu a Inca, pamene Vilcabamba weniweni ali kwina, m'nkhalango za kumunsi. Adatenganso mbiya, mafupa ndi zinthu zina zikwizikwi kupita nazo ku Yale, ndipo Peru idalimbana zaka zambiri kuti zibwerere. Zidabwerera mu 2011 ndi 2012, patatha pafupifupi zaka 100. Choncho mzindawo sudatayike kwa onse. Udatayika kwa anthu olemba mabuku. Olima chimanga ankadziwa pamene uli.

Nkhani imeneyi ife tisaione ngati yachilendo. Tonse amene tidaphunzira sukulu za mishoni tidayankhapo pamayeso kuti David Livingstone ndiye adapeza nyanja ya Malawi mu 1859, ndipo adatichonga. Ine ndimalemekeza Livingstone, ndipo mpingo wathu uli ndi zifukwa zomulemekezera, makamaka pa nkhondo yake yolimbana ndi malonda a akapolo. Koma dzina limene adalemba pamapu, Nyasa, lidali liwu la Chiyao lotanthauza nyanja basi. Ngati zimatiwawa mlendo akamati nyanja yathu idali yosadziwika, tisapite kwa anzathu a ku Peru kukawanenera mawu omwewo. Olondolera njira ambiri kumeneko ndi ana a m'zigwa zomwezo, ndipo ambiri amalankhula Quechua, chinenero cha ufumu umene udamanga mzindawo. Pamene unamulipira, mphwanga, unalipira mwini mudzi kuti akuonetse kwawo, chinthu chimene Arteaga adachichita ndi sol imodzi.

Mayi wina wa mvano anandifunsa pambali ngati n'koyenera kuti Mkhristu aziima pa kachisi wa dzuwa namvetsera za milungu ya anthu ena. Mayi, kumva si kupembedza. Munthu akamakufotokozerani zimene makolo ake ankakhulupirira, mwamupatsa khutu, simunamupatse bondo.

Komabe ndisakhale ngati woweruza womva mbali imodzi. M'dandaulo la mphwangayu muli choonadi china, kungoti analoza chala munthu wolakwika. Ulendowu ndi wodula. Pali tikiti ya sitima, chilolezo, basi, malo ogona, ndi phindu la kampani yokonza ulendo, kawirikawirinso phindu la kampani ina ya kunja imene idangogulitsa ulendowo pa intaneti. Pa mulu wonsewo, gawo lofika m'manja mwa munthu amene anayenda nawe phazi ndi phazi ndi laling'ono. Pa njira yaitali ija, mwa anthu 500 a patsiku oposa theka ndi antchito: olondolera, ophika ndi onyamula katundu. Onyamulawa ndi alimi a m'midzi ya m'mapiri. Amanyamuka m'mbuyo mwa alendo atapasula matenti, amawapitirira chothamanga ndi mitolo kumsana, kuti mlendo akafika apeze tenti itaima ndi tiyi atapsa. Lamulo la dzikolo limati mwamuna asanyamule zoposa makilogalamu 20, ndipo pali malo opimira katundu, koma madandaulo a kulemedwa ndi a malipiro ochepa sanathe. Ife adzukulu a amtengatenga, amene agogo athu adanyamula katundu wa atsamunda pamutu ndi atsamundawo m'machila, sitifunikira kutanthauziridwa chithunzi chimenechi. Ndiponso amene mudakwerapo Mulanje mukudziwa momwe timanenerera mtengo ndi anyamata onyamula katundu pa Likhubula ngati tikugula tomato, kenaka pamwamba mtambo ukatsika n'kumawagwira malaya kuti asatisiye.

Choncho kwa inu ena amene mwayamba kufunsa mitengo mutaona zithunzi zija, ndikupemphani zinthu zochepa. Gulani chilolezo miyezi ingapo pasadakhale, chifukwa chimatha msanga, makamaka nyengo yopanda mvula kuyambira Meyi mpaka Sepitembala. Khalani masiku awiri ku Cusco kapena m'chigwa thupi lizolowere mpweya musanakwere. Posankha kampani, musathamangire yotsika mtengo koposa. Funsani kuti eni ake ndi a komweko kodi, ndipo antchito awo amalandira zingati. Mtengo ukatsika kwambiri, wina wake ndiye walipira kusiyanako ndi msana wake. Ndipo kangachepe kothokoza mukapereke m'manja mwa mwini wake, maso ndi maso, osati kudzera mwa bwana.

Mphwanga, pa chithunzi chako chimodzi, chija waima pa Inti Punku utatambasula manja, kumbali kukuoneka phewa la munthu wovala chipewa, atanyamula botolo lako la madzi kuti ujambulitse bwino. Unatiuza kuti ndiye anakudikira pa makwerero aja mpweya utakuthera, nakuuza kuti upume kaye. Dzulo ndinakufunsa dzina lake ndipo sunandiyankhe. Ukalikumbuka ulilembe pansi pano, kuti abale alione.