BWANAMKUBWA ANASANKHIDWA NDI YANI?

Anzathu a m'makomboni, ena akuti nthawi ya Bwanamkubwa inali yabwino. Bodza! Kuyambira 1924, pamene Sir Herbert Stanley analandira dziko lino kwa Kampani ya British South Africa, kufikira 1964, palibe mmodzi wa ife anaponya voti kusankha Bwanamkubwa. Anali kutumidwa kucokera ku London. Iye ndiye anali kusaina malamulo, kulamula apolisi, kubvomereza ndi kucotsa mafumu athu. Mu 1959 Sir Arthur Benson anatseka cipani ca Zambia African National Congress, natumiza Kenneth Kaunda ku Kabompo mlandu usanazengedwe. Ife nchito yathu inali kukhoma msonkho cabe. Mpando wosasankhidwa ndi anthu tisaulakelakenso.

Kwaca! Ngwee!