Mawu asinthidwe, koma maina asiyidwe momwe alili

Aphunzitsi a Chipwitikizi m'sukulu za zigawo za Tete ndi Niassa amauza ana kuti wolemba wabwino sabwereza liwu limodzi kawirikawiri. Ngati walemba "mavuto" pa mzere woyamba, pa mzere wachitatu aike "zovuta" kapena "masautso". Langizoli ndi labwino, ndipo atolankhani, omasulira nkhani za pa wailesi ndi olemba zidziwitso za boma amalitsata. Koma lili ndi malire amene satchulidwa mokwanira: dzina la munthu, la malo kapena la bungwe lilibe linzake lofanana nalo. Choncho wolemba asanasinthe liwu lililonse, ayenera kuyamba wadziwa kuti ndi mawu ati amene ali maina.

Ntchitoyi imaoneka yapafupi, koma kuno ndi yovuta chifukwa maina ambiri ndi mawu a tsiku ndi tsiku. Mavuto, Chimwemwe, Mphatso ndi Tsoka ndi anthu, monganso Esperança, Felicidade ndi Domingos. Palibe amene angayerekeze kutchula Mayi Graça Machel kuti "Mayi Chisomo", popeza aliyense amawadziwa. Mlimi wa ku Tsangano wotchedwa Mavuto alibe chitetezo chotere. Masiku ano pali mapulogalamu a pa kompyuta omasulira ndi osinthanitsa mawu, amene angaone dzina lakelo ngati liwu wamba nkuikapo lina. Dzina la pa mndandanda likasiyana ndi la pa chiphaso chake, pa khadi la voti kapena pa chikalata cha munda choperekedwa motsatira lamulo la malo la 1997, kwa kalaliki wa mu ofesi ameneyo ndi munthu wina.

Chitsanzo chomveka bwino chili ku Niassa. M'Chipwitikizi "lago" ndi nyanja, koma Lago ndi dzinanso la boma limene likulu lake ndi Metangula. Chidziwitso chonena kuti katemera wa ana achitika "no Lago" chikamasuliridwa kuti "ku nyanja", amayi a ku Maniamba, amene ali m'boma lomwelo koma kutali ndi madzi, angaganize kuti nkhaniyo ndi ya anthu a m'mbali mwa gombe okha. Anthu a ku Mecanhelas nawo angaganize za nyanja yawo ya Chirua kapena ya Chiuta. Womasulirayo sanalakwitse Chipwitikizi kapena Chinyanja. Wangosandutsa dzina kukhala liwu wamba, ndipo ana ena angaphonye katemera.

Nyanja yaikuluyo ili ndi phunziro linanso. Ku Moçambique ndi Niassa, ku Tanzania ndi Nyasa, ku Malawi ndi nyanja ya Malawi. Madzi ndi amodzi, koma maina atatuwa sangasinthanitsidwe pofuna kungokometsa chiganizo, chifukwa lililonse limasonyeza mbali imene wolankhulayo waima. Chimodzimodzi ndi chilankhulo cha tsamba lino. Malawi anasintha dzina lake kuchoka pa Chinyanja kukhala Chichewa mu 1968, pamene ku Moçambique mabuku a sukulu ndi misonkhano yokonza kalembedwe ya 1988 ndi 1999 anasunga dzina la Cinyanja. Wolemba za chigamulo cha ku Malawi alembe Chichewa. Wolemba za maphunziro a zilankhulo ziwiri amene anayesedwa ku Tete kuyambira 1993 mpaka 1997 alembe Chinyanja.

Maina akale ndi atsopano nawonso safanana. Ufulu utabwera mu 1975, Vila Cabral inakhala Lichinga, Vila Coutinho inakhala Ulónguè, Vila Pery inakhala Chimoio, ndipo Lourenço Marques inakhala Maputo mu 1976. Wolemba mbiri ya zaka za m'ma 1960 angagwiritse ntchito dzina lakale nafotokoza kuti lero malowo amatchedwa chiyani. Koma amene walemba "Lichinga" m'ndime yoyamba nkuika "Vila Cabral" m'ndime yachiwiri poopa kubwereza, wabweza dzina la atsamunda limene dziko linalichotsa dala, ndipo wachinyamata wowerengayo aganiza kuti ndi mizinda iwiri.

Ena amati chilembo chachikulu ndi chokwanira kusonyeza dzina. Sichikwanira. Liwu lililonse loyamba chiganizo limakhala ndi chilembo chachikulu, makalata ambiri olembedwa pamanja sasamala zimenezi, ndipo pa wailesi chilembo chachikulu sichimveka. Muyeso wodalirika ndi mafunso awiri. Kodi liwuli likuloza chinthu chimodzi chokha, chimene chinalembedwa choncho pa mapu kapena pa chiphaso? Nanga likasinthidwa, mwini wake adzayankha akaitanidwa, ndipo wapaulendo adzafika kumene akupita? Ngati kusinthako kungasokeretse munthu, liwulo ndi dzina, ndipo libwerezedwe ngakhale kakhumi. Wotopa ndi kubwereza ali ndi njira ina: anene kuti "mzindawu", "bomali" kapena "bambowa", pamene zikudziwika kale kuti akunena yani.

Pamene mafunsowa sakupereka yankho, eni ake a dzina ndiwo afunsidwe: mfumu ya m'deralo, mphunzitsi wa pa sukulu yapafupi kapena munthu mwiniyo. Akuluakulu anati safunsa anadya phula. Akonzi a nkhani, a wailesi ndi a maofesi a boma angachite bwino kusunga mndandanda wa maina a maboma, midzi ndi mitsinje ya m'chigawo chawo, wolembedwa monga momwe alili m'zikalata, ndi kulamula kuti womasulira aliyense ayambe wadula mzere kunsi kwa maina onse asanakhudze liwu lina. Aphunzitsi nawo, popereka ntchito ya mawu ofanana tanthauzo, aphunzitse ana sitepe imeneyi poyamba.