Kadamsana uja sadali malodza

Achinyamata anzathu, tiwafunse makolo za pa 21 June 2001. Masana a tsikulo dzuwa lidabisika lonse ku Lusaka, ndipo kuno ku Tsangano kuwala kudazilala. Ena adati ndi malodza. Komatu akatswiri adali atalengeza kale tsiku ndi mphindi yake.

Adadziwa bwanji? Mwezi pozungulira dziko umakokedwanso ndi dzuwa, motero umapatuka pang'ono m'njira yake, ndipo kupatukako kumawerengeka. Pierre-Simon Laplace adalemba mabuku asanu a masamu otere pakati pa 1799 ndi 1825. Mu 1846 Urbain Le Verrier, poona kuti Uranus ikuphonya njira, adawerengera pamene padali chinthu choikoka. Johann Galle, atalandira kalata yake ku Berlin, adapeza Neptune usiku womwewo.

Ife timati masamu ngowerengera matumba a mbatata ya kachewere basi. Tikulakwa. Mabukuwa ngovuta, sitikana, koma khomo lake ndi masamu omwewa amene timawazemba ku sekondale. Tiyeni tipemphe aphunzitsi athu kuti m'laibulale mukhale ngakhale buku limodzi lofotokoza kayendedwe ka mwezi, tizibwerekana.