Musandiuze za Mr Bean ngati kuno kunalibe Izeki

Abale anga a pa Facebook, lero ndalemba mtima uli m'mwamba, mundikhululukire.

Dzulo ndinali ku Mponela kukagulitsa soya. Podikira galimoto yobwerera kwathu ndinakhala pakhonde la vidiyo sho kuthawa dzuwa. Mkatimo anyamata akuonera Mr Bean, akuseka mpaka kugwa pa benchi. Palibe cholakwika, inenso ndinasuzumira ndipo ndinaseka, mzungu uja nkhope yake yokha ndi nthabwala kale. Koma mnyamata wina, msinkhu wa mwana wanga wachiwiri, anatuluka n'kundiuza kuti, "Madala, zoseketsa zenizeni ndi izi, kuno ku Malawi sitinakhalepo ndi munthu wotere." Ndinamufunsa kuti iwe, Izeki ndi Jakobo ukuwadziwa? Akuti anangomvako dzina. Kungomvako dzina! Ndinasowa chonena, malovu anauma.

Ndiye ndikuuzeni inu ana a masiku ano. Izeki anali a John Nyanga, Jakobo anali a Eric Mabedi, onse a gulu la zisudzo la Kwathu ku Blantyre. Anthu awiriwa akayamba kukangana, ngakhale munthu wochokera ku maliro amaseka. Ife a kuno kumapiri a Dowa ndi Ntchisi, kopanda magetsi, timayenda mtunda ndithu kupita kwa munthu amene anali ndi kanema wa batire ya galimoto. Nyumba kudzaza, ana pansi, amayi pakhomo, ena pawindo. Batire ikatha pakati pa sewero kumakhala ngati kwagwa tsoka.

Mr Bean amakuseketsa ndi kugwa, kupinda nkhope, ndi kagalimoto kake kaja. Ukatuluka zathera pomwepo. Koma Izeki amakuseketsa m'chiyankhulo chako, pa nkhani za pakhomo pako: ngongole, umbombo, bodza, mavuto a m'banja. Umaseka mpaka misozi, ndiye pobwerera usiku m'njira umazindikira kuti aaa, munthu amamunena ujatu ndi ine ndemwe. Ndi alaliki angati amene angakudzudzule iwe uli kuseka, osakwiya?

Tsono chimene chandiwawa kwambiri ndi ichi. Mwana wanga wandiwerengera pa foni za mzungu wina wakale, Charlie Chaplin, wa kachipewa ndi ndodo uja. Anabadwa mu 1889 ku London, anakula mu umphawi wadzaoneni, osiyana pang'ono ndi wathu uno. Koma kwawo anamulemekeza ali moyo, mu 1975 Mfumukazi Elizabeth inamupatsa ulemu wa Sir, iye n'kumwalira mu 1977. Mafilimu ake a zaka 100 zapitazo alipo mpaka lero, owala bwino, mwana aliyense akhoza kuonera. Nanga athuwa? A Nyanga anatisiya mu 2016, a Mabedi mu 2021. Ndi dzana lomweli. Koma funani masewero awo muone, mupeza tiziduswa tosaoneka bwino m'mafoni, mawu akulira ngati wayilesi yakutha mabatire. Zoona zimenezi?

Pa maliro timadziwa kuyankhula ife Amalawi. "Dziko lataya munthu wofunika," nkhata zamaluwa mbwee. Mwezi ukatha, zii.

Ndisaloze ena okha chala. Inenso ndili ndi mlandu. Ma CD awo amene ndinali nawo onse anali okopera, ogula motchipa pamsika, ndipo ndikudziwa kuti pa ndalama imeneyo palibe ngakhale tambala imene inafika m'thumba mwa eni ake. Ine mlimi amene ndimalira tsiku ndi tsiku kuti mavenda akutibera pa sikelo, ndinkadya thukuta la anzanga ndikuseka. Zimandichititsa manyazi.

Inu amene mukusunga matepi akale m'maofesi mwanu kutauniko, atulutseni asanadyedwe ndi chinyezi. Akonzeni, muwaulutsenso, ndipo kangachepe kakafike kwa mabanja awo. Inu a mavidiyo sho ku Mponela, Madisi, Malomo ndi pa boma la Ntchisi, kodi tsiku limodzi pa sabata loonetsa zathu lingakugwetseni bizinesi?

Loweruka ndikupitanso ku Mponela ndi matumba otsala. Amene ali ndi DVD yeniyeni ya Izeki ndi Jakobo, osati yokopera, andiuze m'munsimu mtengo wake. Mnyamata uja nkhope ndaisunga, ndikamukhazika pa benchi yakutsogolo, ndalama yolowera ndimulipirira ine.